Bondo Lanu Likatenthanso, Atate

Kafue,
Lamlungu masana.

Atate,

Ndikulemba kalata iyi ndili pakhonde, inu muli kuseri kwa nyumba mukusoka ukonde, ndipo ndikumva mukuimba mluzu. Pakati pa inu ndi ine pali khoma limodzi lokha, moti ndikanatha kungonyamuka n'kudzakuuzani pakamwa. Koma mukundidziwa. Ndikaima pamaso panu mawu amandithawa, ndimangotsala ndi "inde" ndi "ayi". N'chifukwa chake ndang'amba mapepala apakati m'kope langa la sayansi. Mawa m'mawa mukupita ku Chanyanya, ndipo kuchokera kumeneko inu ndi ba Mweemba, mnzanu wa kalekale uja, mukwera bwato kupita kumsasa wa asodzi, komwe mukakhale mpaka mphepo ya Juni itayamba. Ndikudziwa kuti kalata ya malangizo amalemba ndi kholo, mwana n'kumawerenga. Mundikhululukire kuti ndatembenuza zinthu. Nkhani yanga ndi imodzi yokha, ya bondo lanu lakumanja.

Ndiyambe ndi chimene sindinakuuzenipo. Kusukulu anzanga akamakangana za anthu amene amawasirira, ena osewera mpira, ena oimba, ine ndimangokhala chete, chifukwa munthu amene ndimamusirira ndimadya naye mbale imodzi. Ndili wamng'ono ndinkaima pamphambano ya msewu wochokera ku Chanyanya kukudikirani. Njinga zonyamula mabokosi a nsomba zinkabwera zambiri, koma inu ndinkakuzindikirani muli kutali: msana wowongoka, mapewa osagwedezeka, bokosi losapendama. Ena akafika pamchenga ankatsika n'kumakankha. Inu munkangodzuka pang'ono pachishalo n'kudutsa. Amayi a pamsika ankathamangira bokosi lanu chifukwa nsomba zanu sizinafikepo zofewa. Ntchito yonseyo inkagwiridwa ndi mawondo awiri, ndipo palibe tsiku limene ndinamva mukuwadandaula. Kusadandaulako ndi kumene ndimakusirirani nako, komanso ndi kumene kukundiopsa lero.

Kulakwa kwanga koyamba kunali kwa chishalo. Ndili giredi 8 ndinatsitsa chishalo cha njinga yanu kuti ndiphunzire kutchova Loweruka masana, ndipo ndinaiwala kuchikweza. Munayenda nacho chotsika choncho pafupifupi mwezi wathunthu, mawondo akupindika mpaka pafupi ndi chifuwa, katundu ali kumbuyo. Ndinkaona mukafika kunyumba mukukhala pansi mwendo utatambasuka, dzanja lili pabondo. Tsiku lina ndikukupatsani madzi ndinaligunda mwangozi, ndipo linali lofunda ngati buledi wongotuluka kumene. Nditakumbukira za chishalo ndinachita manyazi. Ndinakufunsani chifukwa chake simunachikweze, inu n'kunena kuti sipanala inasowa. Sipanalayo ndinaipeza m'thumba lanu la zida, pamalo pake pa masiku onse. Munachisiya dala kuti miyendo yanga izifika. Uku ndiko kutentha koyamba, Atate, kutentha kwa ntchito. Bondo likapindika tsiku lonse likunyamula zolemera limatupa pang'ono ndi kufunda, koma munthu amatha kuponda ndipo thupi lonse silitentha. Mankhwala ake ndi kulipumitsa. M'bwato mukhala mutapinda miyendo kuyambira m'mawa, ndiye muzikumbukira kuitambasula kawirikawiri. Mukafika pamtunda muzigona chagada, mwendo muusanjike pa thumba la maukonde kuti ukhale pamwamba. Tsiku limodzi lopuma si ulesi.

Kulakwa kwachiwiri kunali kwa munga uja, Okutobala wathayu. Amayi anali ku Shimabala kwa mng'ono wawo amene anali atangobereka, kunyumba tinatsala awiri. Tinkatsitsa bokosi panjinga, mlamba waukulu n'kuterereka, munga wa pachipsepse chake n'kukubayani m'mbali mwa bondo. Ndine ndinazula kachidutswa kotsalako ndi zikhadabo. Kabowo kanali kakang'ono ngati kadontho ka bolopeni. Ndinapukuta ndi nsalu yomwe timapukutira bokosi la nsomba, inu n'kunena kuti milamba yakhala ikukubayani kuyambira ine ndisanabadwe. Tinaseka. Sindinaganize za sopo ngakhale pang'ono. Adokotala anadzatiuza pambuyo pake kuti bala lozama pafupi ndi molumikizana mafupa limakhala khomo lolowera tizilombo, ndipo kuchepa kwa bala pamwamba sikunena kanthu za kuya kwake. Kumsasa minga ndi mbedza n'zosapeweka. Mukabayidwa, makamaka pafupi ndi bondo, chala kapena chigongono, tsukani nthawi yomweyo ndi sopo ndi madzi owiritsa amene apola, osati a mumtsinje, mumange ndi nsalu yoyera. Ndakuikirani sopo ndi mabandeji m'kachitini ka buluu. Sopoyo si wochapira malaya.

Kulakwa kwachitatu ndi kumene kumandipweteka kwambiri, chifukwa ndinakuchita ndi mtima wonse ndikuganiza kuti ndikuthandiza. Patapita masiku awiri bondo linatupa mpaka khungu kunyezimira. Munandiuza kuti nditenthetse madzi tithowe, monga momwe aliyense kuno amachitira ndi mwendo wopweteka. Ndinawiritsa madzi, ndinathiramo mchere, n'kumaviika thawulo ndi kulikanikiza pabondo. Kenaka ndinapaka mafuta otentha aja a m'kabotolo n'kutikita ndi zala zanga zonse. Munaluma kolala ya malaya, thukuta likuyenderera, koma munangoti, "Limbikira, mwamuna, ndiye kuti yayamba kugwira." Ine ndinanyadira kuti mwanditcha mwamuna, ndipo ndinakanikiza kwambiri. Tinachita zimenezi m'mawa ndi madzulo kwa masiku awiri. Atate, bondo lotentha salithowa ndipo salitikita. Kuthowa kuli ndi malo ake. Kumathandiza bondo louma la nyamakazi, lija limavuta kupinda m'mawa kukazizira koma ukaligwira silitentha. Lotupa ndi lotentha kale, madzi otentha amangowonjezera kutupa. Kumsasa mudzapeza anthu okoma mtima ambiri, wina ndi beseni, wina ndi lezala lotemera mphini. Muwathokoze, koma bondo musawapatse. Mphini iliyonse ndi khomo linanso.

Ndinalakwanso pa mapilitsi. Munandituma pakantemba ka pakona, ndipo mnyamata wogulitsa anandipatsa opha ululu a mitundu iwiri ndi makapisozi anayi ofiira, n'kunena kuti awa amachiza chilichonse. Munamwa onse m'mimba mulibe kanthu chifukwa chakudya chinali chitakukanani. Ululu unachepa kwa maola ochepa, kutentha thupi kunabisala, tonse n'kuganiza kuti mwayamba kuchira, pamene mkati mwa bondo mafinya ankachuluka. M'mimba namo munayamba kuotcha. Opha ululu ali ndi ntchito yake, koma muzimwa mutadya, mtundu umodzi, monga analembera kuchipatala. Makapisozi ogula anayianayi musawayandikire. Sachiza bondo, amangochedwetsa munthu kupita kumene akanachira.

Koma kulakwa kwakukulu kunali kukhala chete. Munandiuza kuti ndisawauze Amayi, chifukwa angasiye mng'ono wawo ali yekha ndi khanda kuthamangira kabondo. Amayi ankaimba foni tsiku lililonse masana, ine n'kumati tili bwino. Tsiku lachisanu munali mukunjenjemera ndi kuzizidwa dzuwa la Okutobala lili pamutu, mwafunda bulangeti, phazi losatheka kuponda pansi. Sindinapite kusukulu. Foni italira ndinayankha kuti tili bwino Amayi asanamalize n'komwe kufunsa. Anangoti chabwino n'kudula. Pasanathe maola awiri anatsika minibasi, chitenje chili m'manja. Anadzandiuza kuti ine ndikayankha msanga ndiye kuti ndikunama. Atavundukula bulangeti sanakalipe. Anaika kuseri kwa dzanja pabondo lamanzere, kenaka lakumanja, n'kundituma kukaitana takisi. Achinyamata a kutchalitchi kwawo atamva anabwera asanu ndi gitala kuti apemphere, ndipo mtsogoleri wawo anapempha kuti tidikire pang'ono agwirane manja. Amayi anati, "Ana anga, pempherani tikuyenda. Awiri nyamulani kumapewa, awiri kumiyendo, wa gitala atsegule geti." Anapempheradi akukunyamulani, mpaka pachitseko cha galimoto.

Kuchipatala ndinaima pakona ndikuona zonse. Adokotala, mayi wamfupi wa magalasi, anagwira bondo n'kufunsa kuti khungu lapsa chonchi ndani wathowa. Ndinatsegula pakamwa, koma inu munayankha msanga kuti mwathowa nokha, mwana sanali pakhomo. Munali mukunjenjemera mano akugundana, komabe munapeza mphamvu zonditchinjiriza. Adokotala anandiyang'ana, n'kuyang'ananso zala zanga zofiira ndi madzi otentha. Analowetsa singano yaikulu m'bondo, ndipo zimene zinatuluka zinali zachikasu, zokhuthala. Anati tikanachedwa masiku ena awiri mafinya akanadya chichereŵechereŵe cha m'bondo, mwendo n'kuuma osapindikanso, kapena tizilombo tikanalowa m'magazi. Tsiku lotsatira anakutsukani bondo kuchipinda cha opaleshoni. Munakhala m'wodi milungu iwiri ndi dilipi, kenaka mapilitsi milungu ingapo kunyumba.

Pa bedi loyandikana nanu panali mdala uja wopuma ntchito kufakitale ya feteleza, wa chala chachikulu chakuphazi chotupa ngati mbatata. Mukumukumbukira, ankati ngakhale nsalu ikakhudza chalacho amaona makolo ake onse. Ankakunyozani kuti inu mwagonekedwa ndi nsomba imodzi, pamene iye zinatengera mowa wa zaka makumi atatu kuti umugwetse. Inu munamuyankha kuti mlamba wanu unali wamoyo ndipo unamenya nkhondo, pamene mabotolo ake anangoima. Wodi yonse inaseka, ngakhale a sisita. Ine ndinamvetsera pamene adokotala ankamufotokozera matenda ake. Anati ndi gauti, timiyala tating'ono ngati mchere timene timaunjikana molumikizana mafupa, ndipo amabuka mwadzidzidzi, kawirikawiri kuchala chachikulu koma ngakhale m'bondo. Mowa, zam'mimba za nyama ndi kapenta wochuluka zimawautsa, kusamwa madzi okwanira nakonso. Inu simunadwalepo gauti, ndipo mowa si khalidwe lanu. Ndikulemba chifukwa kumsasa bondo likatentha padzapezeka wina wonena kuti ndi gauti chabe, idzatha yokha. Mwina adzakhala akunena zoona. Koma adokotala anati gauti ndi mafinya m'bondo zimafanana kwambiri moti ngakhale iwo sangasiyanitse ndi maso, mpaka atatenga madzi a m'bondo n'kuwayeza. Ngati iwo sangathe, msodzi mnzanu sangathe. Ndipo madzi muzimwa, Atate. Ndimaona mukachoka m'mawa botolo limabwerera lodzaza.

Tsiku lotuluka ndinadzikakamiza kufunsa funso, loyamba pa milungu iwiri yonseyo. Ndinafunsa kuti ngati kuthowa n'kolakwa, bondo likafunda ndi ntchito tizichita chiyani. Adokotala anafunsa ntchito yanu, ndipo atamva anavula magalasi. "Ba tate, zaka zonsezi munyamula aisi pa njinga tsiku na tsiku? Nsomba yakufa muisamala kuposa bondo yamoyo." Munaseka mpaka misozi. Anati aisi akulungidwe m'nsalu, asakhudze khungu, akhale pabondo mphindi khumi ndi zisanu, kenaka achotsedwe, katatu kapena kanayi patsiku. Kumsasa maboti a ogula nsomba amabwera ndi aisi. Pemphani kachidutswa, sadzakumanani. Akasowa, nsalu yonyowa ndi madzi ozizira ithandizako, bola pakhungu pasakhale bala.

Chimene ndinaona miyezi yotsatira sindidzaiwala. Bondo linatuluka m'chipatala louma ngati mtengo. M'mawa uliwonse munkakhala pasitepe ya khonde lino, thawulo mwakoleka kuphazi, n'kumakoka pang'onopang'ono kuti lipindike. Nkhope inkachita makwinya, koma mukandiona munkayamba kuimba mluzu. Pa Khirisimasi munafika pachipata popanda ndodo. Mu Januwale munazungulira bwalo la mpira. Mwezi wathawu munakwera njinga mpaka kumsika, ndipo amayi ogulitsa nsomba analulutira. Adokotala atanena kuti maulendo ataliatali a katundu adikire kaye, simunakhale pansi kudandaula. Munatulutsa ukonde umene munausiya ine ndisanabadwe n'kuyamba kuusoka. Sindikudziwa munthu wina amene akanachita zimenezi.

Tsono mverani, Atate, pano ndi pamene pagona kalata yonse. Pa ulendo womaliza wokaonedwa, adokotala ananena mawu amene inu munawamva mukumanga nsapato, koma ine ndinawamva bwinobwino. Anati bondo limene linagwidwapo ndi mafinya siligwira ngati kale, likhoza kugwidwanso mosavuta, ndipo kachiwiri mwina silingachirenso. M'mawa uliwonse muziliyesa monga anachitira Amayi, ndi kuseri kwa dzanja, lamanzere kaye kenaka lakumanja. Likakhala lofunda pang'ono mutagwira ntchito, mukutha kuponda ndi kulipinda, thupi lili bwino, lipumitseni, liikeni pamwamba, liziziritseni. Likapanda kusintha pakatha masiku awiri, kaonetseni. Koma likatentha kuposa linzake ndi kutupa, n'kukana kupindika kapena kuponda, kapena mukayamba kuzizidwa ndi kutentha thupi, nyamukani tsiku lomwelo. Osati mawa lake, osati mukavuula maukonde, osati nsomba zikauma pa thandala. Tsiku lomwelo. Kuchokera kumsasa kufika ku Chanyanya ndi theka la tsiku pabwato, ndiye mukayamba mwadikira kuti muone, mwachedwa kale.

Ndikudziwa kuti mukuwerenga apa mukugwedeza mutu ndi kumwetulira, ndipo mumtima mukuti mwana wachita bwino, koma nyengo ya nsomba siyisiyidwa pakati. Ndikudziwa chifukwa Lachinayi ndinakumvani mukuuza Amayi mawu omwewo pamene ankakupakirani ufa. Munati mwakhala miyezi isanu mukudyetsedwa ngati khanda, ndipo simungabwerere kumsasa chifukwa cha kabondo anthu akuona. Ine ndinali pano pakhonde ndi buku, koma sindinawerenge mzere ndi umodzi womwe.

Choncho ndiulule chimene ndachita. Dzulo sindinapite kukawerenga kusukulu monga ndinanenera. Ndinapita kumsika kukadikira ba Mweemba, amene anabwera kudzagula zingwe ndi mchere. Ndinawauza zonse: za munga, za kuthowa, za mapilitsi, za mafinya, ndi mawu a adokotala onena za kachiwiri. Zina mwa izi munawabisira, iwo ankadziwa kuti munangovulala pang'ono. Ndinawaonetsa kayesedwe ka bondo pa mawondo awo omwe, pakati pa msika, anthu akutiyang'ana. Ndinawapempha kuti akaona mukutsimphina kapena mwafunda masana, asakufunseni maganizo, angomasula bwato. Sindinayankhulepo mawu ochuluka chotero kwa munthu wamkulu. Anandimvetsera mpaka kumapeto osandidula. Kenaka anati, "Atate ako nibadziba tikali bafana, ni munthu wa makani maningi. Manje iwe usade nkhawa. Bakakana nizabamanga na chingwe yamene iyi, nibaike mu bwato monga thumba ya makala." Anaseka, koma atatha anandigwira dzanja mwamphamvu n'kunena kuti alonjeza, ndipo anabwereza zizindikiro zonse chimodzichimodzi kuti ndione ngati agwira.

Ndikudziwa kuti simukonda kuti nkhani za thupi lanu zituluke pakhomo, ndipo simunalolepo munthu kukulamulani. Ndachita zimenezi popanda chilolezo chanu, kwa mnzanu amene mumafuna kuti azikuonani wamphamvu. Sindikupepesa, Atate. Ba Mweemba akanena kuti tiyeni, musakangane nawo pamaso pa anthu, ndipo musawakwiyire, chifukwa wawatuma ndine. Mkwiyowo musunge, mubwere nawo kuno mu Juni. Mudzandipeza pakhomo, ndipo mudzandikalipire mmene mungafunire, mutaimirira ndi miyendo yanu iwiri.

Ine mwana wanu,
Yotamu